Tikhala pa Sikisitini

Lachiwiri, 10 Febuluwale

Mvula chiyambire m'mawa. Phiri la Soche silikuoneka, mtambo wokhawokha. Kuchokera chaka cha namondwe wa Freddy chija, mvula ikangolimbikira ine maso kuphiri. Kumsika wa Limbe matope mpaka m'akakolo. Zitenje ziwiri zokha zatuluka tsiku lonse.

Komabe lero ndaseka. Chakumasana foni inalira, uthenga wamawu wa Enock. Mwana wanga, chimuonere ndi mu Ogasiti. Ali pa sitima yaing'ono yonyamula katundu ku Quelimane. Ntchitoyo anamupezera ndi achimwene anga a Lucius, amene amakonza mainjini padoko konko. Makolo athu kwawo kunali mbali yomweyo. Achimwene anabwerera, ine ndinakanirira kuno, ndiye anditengeranso mwana.

Ndaumvera mpaka ndauloweza: "Amayi, ndine Enock. Foni ya ankolo sikupezeka. Muwauze tikhala pa sikisitini. Musadandaule." Basi. Kumbuyo kwake chimphepo, ndi bambo wina akubwereza mawu amodzimodzi ngati woitanira minibasi.

Pa sikisitini ndi Lolemba likubwerali. Ndinaimba nthawi yomweyo, foni yozima. Za netiweki ya panyanja ndinazolowera.

Koma "tikhala". Iye ndi ndani? Mwana ameneyu sanena "ti" pachabe. Wapeza mkazi, ndalumbira. Manyazi onena, ndiye akubisala kumbuyo kwa ankolo ake.

Ndawalembera achimwene: Enock akubwera kuno pa 16, ndipo sali yekha. Madzulo ano ayankha ndi kachala kokweza kaja. Amuna a kwathu mawu amachita kugula.

Lachitatu, 11 Febuluwale

Msika wonse wamva. Amake Binti, ogulitsa nsapato pafupi ndi benchi langa, ndinawamva akunong'oneza mnzawo kuti Wailesi ya Limbe yatsegula. Amanditcha choncho, akuyesa sindidziwa. Ndimadziwa bwino. Koma kukakhala nkhani amabwera pabenchi pomwepa kudzatchera khutu.

Uthengawo ndamuikira aliyense. Wa ma-eyataimu, mnyamata wa kushopu koodako, mayi wina amene anangobwera kudzafunsa mtengo. Onse akuti mwana ali ndi mawu a chibambo tsopano.

Patience, mlongo wake wa Enock, pochoka kuntchito kushopu ya mafoni m'tauni muja: "Mami, mwiniwake sanafike, inu mwaulutsa kale ndi mkazi yemwe." Nanga nkhani yabwino ndi yofotsera?

Chipinda cha Enock chikudontha pakona. Beseni pansi. Mabulangete ndachapa, kuuma kwake ndiye kaya, dzuwa kulibe. Matiresi anunkha chinyezi.

Mtsikanayo kaya amadziwa Chichewa? Chilomwe changa chinachita dzimbiri, chinatsala ndi cha moni ndi chotukwanira mbuzi. Chipwitikizi ndiye ziro. Tizilankhulana ndi manja. Ndamupatulira chitenje chobiriwira chija, cha masamba a nthochi.

Ndamutumizira Enock mauthenga, wina wofunsa ngati adzera ku Muloza. Onse aima pa kachizindikiro kamodzi.

Lachinayi, 12 Febuluwale

Tambala wa alendo ndagula kwa ogulitsa nkhuku a ku Chiradzulu aja. Mtengo wake ngati wa mbuzi. Ndamumanga kuseri kwa bafa, akudya madeya ngati wauzidwa.

Magetsi kulibe kuyambira m'mawa. Makala onyowa.

Foni ya Enock yozimabe. Lero m'minibasi mawu amodzi andikhala pamtima: musadandaule. Munthu wobwera kwawo amanena musadandaule chifukwa chiyani? Ndamufunsa Patience. Akuti Enock amatero nthawi zonse, ngakhale tsiku lija anathyoka mkono pa mpira anayamba ndi mawu omwewo. Ndiye wandilimbitsa mtima kapena wandiwonjezera?

Mawa kukasiya nsalu za ukwati kwa a Felicia a Mvano, ku Kanjedza.

Lachisanu, 13 Febuluwale

Ndilembe bwinobwino, mwina mutu ukhala m'malo.

Ku Kanjedza ndinafika chakum'mawa. Nsalu a Felicia anazikonda. Tiyi pakhonde. Ine monga mwa chizolowezi, foni kutulutsa, tamverani mwana wanga akubwera Lolemba. Amuna awo a Kingsford, mkulu wa mpingo kwathu, anali pampando wawo ndi nyuzipepala. Bambo ofatsa, khutu limodzi logontha. Ndimangodziwa kuti anapuma ntchito ku bwalo la ndege la Chileka. Sindinkadziwa kuti moyo wawo wonse unali wa mawailesi, poyamba pa sitima za pa nyanja yathuyi, kenako za ndege.

Anatsitsa nyuzipepala. Anapempha foni, n'kuiika pa khutu labwinolo. Anamvera, anabwereza, anabwerezanso. Nkhope inasintha ine ndikuona.

"Amake Enock, uthenga uwu unabwera liti?"

Ndinati Lachiwiri. Anatseka maso.

Sikisitini si tsiku. Akuti wailesi ya pa sitima ili ndi matchanelo a manambala, ndipo sikisitini ndi yoitanira thandizo. Sitima iliyonse panyanja yaikulu imayenera kuisiya yotsegula, kumamvetsera ngati wina akulira. Bambo wa kumbuyo uja, woitanira minibasi wanga uja, akuti akunena "meidei" katatu, kenako dzina la sitima. Mawu amenewo sanenedwa injini ikangotsokomola. Amanenedwa anthu akaona imfa.

Enock sankanena kuti akubwera. Ankanena kuti tikawafunefune pamenepo. Anaimbira ankolo ake, odziwa zinthuzi, sanawapeze. Anandituma ine.

Ndipo ine ndinawauza achimwene kuti mwana akubwera kunyumba ndi mkazi.

Kapu ya a Felicia ndaswa, sindikudziwa kuti inagwa bwanji. A Kingsford sanandikalipire. Bola akanatero. Anangoti tumizani mawu akewo kwa achimwene anu momwe alili, osaonjezera, osachotsera. Anatumiza ndi a Felicia.

Sipanatenge nthawi achimwene anaimba. Anthu osaimba aja. Anangofunsa tsiku ndi nthawi imene uthenga unalowa, n'kudula.

Kumsika sindinabwerere. Kuchoka ku Kanjedza kufika ku Soche wapansi, mvula ikundimenya, ambulera ili m'chikwama. Ndinakumbukira nditafika pakhomo.

Lachiwiri mpaka Lachisanu. Mwana wanga akulira pamadzi, ine ndikuchapa mabulangete.

Loweruka, 14 Febuluwale

Patience sanapite kuntchito. Wakhala ndi foni pa tchaja ya kwa aneba, kuopa ingazime.

Achimwene aimba masana. Anapita ku ofesi ya padoko dzulo lomwelo ndi uthengawo. Sitima inanyamuka Lolemba ndi simenti ndi mafuta ophikira, anthu asanu ndi mmodzi, ulendo wa kumpoto m'mbali mwa gombe. Kumene inkapita sinafike. Mwini sitima akuti ankayesa kuti yabisala pa mathiriro a mtsinje kudikira mphepo ithe, amatero kawirikawiri. Achimwene nawo Lachitatu anakumana naye, n'kumuuza kuti anyamata ali bwino, Enock walankhula ndi amayi ake, akukonzekera zopita kwawo. Ndiye palibe amene anadzuka kukafunafuna.

Mawu anga anayenda mpaka padoko la Quelimane. Wailesi ya Limbe, mphamvu zake.

"Chemwali, mukanangonditumizira mawu akewo." Anatero kamodzi kokha, mofatsa. Ine ndinapsa mtima. Ndinati nanga inu foni yanu inali kuti Lachiwiri, mwana akukufunani? Munamutenga ndinu, ine ndinkafuna aphunzire zamagetsi konkuno. Ndinalankhula zambiri. Patience anandilanda foni. Akuti achimwene anali pansi pa sitima ina m'chipinda cha injini tsiku lonse, kopanda netiweki. Ndikudziwa. Ndimangofuna wina woti tinyamulire limodzi.

Kandimverere anakanena za m'maluwa. Amayi ankakonda kunena mwambi umenewu. Sindinaganizepo kuti kandimverere ndidzakhala ine.

Tsopano a padoko alengeza kwa sitima zonse zodutsa kuti zitchere khutu. Boti limodzi latuluka, labwerera chifukwa cha mafunde.

Pamsewu atsikana avala zofiira, anyamata akugulitsa maluwa a pulasitiki. Tambala akulira kuseri. Ndikufuna kumupotokola khosi, koma ndikuopa. Ngati ndikamupha ndiye kuti ndavomera.

Lamulungu, 15 Febuluwale

Kutchalitchi ndinapita chifukwa m'nyumba simukhalika. Abusa anatchula dzina la Enock m'pemphero. Anthu amene ndinawaikira uthenga Lachitatu anatembenuka kundiyang'ana. Kuimba sindinathe.

Titatuluka a Kingsford anandiitanira pansi pa mtengo wa mapeyala. Ndinawafunsa zonse, mafunso ngati mvula. Ngati sitima zonse zimamvetsera, bwanji palibe wawamva? Akuti injini ikafa mabatire amatsatira, wailesi yaikulu imazima. Imatsala ya m'manja, ndipo mawu ake safika patali, mwina kuchoka ku Limbe kufika ku Chileka, mwinanso osafika. Pafunika sitima ina idutse pafupi, pa nthawi imene iwo ayatsa.

Ndege nazo zili ndi nambala yawo yolirirapo, 121.5. Anandilembera pachikhatho. Oyendetsa ndege ambiri amaisiya yotsegula ali m'mwamba. Akuti sitima zina zimakhala ndi kachipangizo kamene kakagwera m'madzi kamalira pa nambala imeneyo, ndege yodutsa n'kumva. Ndinawatumizira achimwene funso. Yankho: mwini sitima sakukumbukira ngati kanalimo.

Kenako anandiuza za nthawi yawo. Akuti m'chipinda cha wailesi munkakhala wotchi yokhala ndi timizere ta utoto. Ola likakwana, komanso pa hafu, aliyense panyanja ankasiya kulankhula kwa mphindi zitatu. Kaya uli pakati pa nkhani yanji, umatseka pakamwa. Cholinga chake, ngati kuli wina kutali amene mawu ake ndi ofooka, amveke. Lamulolo akuti linatha, makina a masiku ano salifuna. "Koma kaputeni wachikulire akatsala ndi batire imodzi, ine ndikuganiza kuti angayatse nthawi imeneyo. Dzanja silimaiwala."

Kaputeni wa Enock ndi wachikulire. Enock anandiuzapo kuti ali ndi imvi mpaka m'makutu.

Ndayamba masana ano. Wotchi ya pakhoma ija ndaiikira batire yatsopano. Ola likakwana, chete. Pa hafu, chete. Ndikudziwa kuti ku Soche kuno sindingamve kanthu, sindine wamisala. Koma iye akamayatsa, ine ndisakhale ndikulongolola.

Mphindi zitatu ndi zazitali. Sindinkadziwa.

Lolemba, 16 Febuluwale

Pa sikisitini.

Si onse anamva za kutchalitchi. Oyamba kufika anali amake Binti, chakum'mawa, ndi mbale ya mandasi yovundikira ndi kansalu. Ali pageti akuseka: "Alendo athu afika? Tione mtengwa." Ndinaima pakhomo. Anawauza ndi Patience. Amake Binti anakhala pansi pakhonde pomwepo, mbale pamiyendo. Sanapite kumsika, akhala nane tsiku lonse. Mayi amene ndimakangana naye chifukwa cha malo a benchi.

Kenako mnzake wa Enock wa ku Mbayani, ankasewera naye mpira, wabwera ndi njinga kudzamutenga akazungulire. Kenako mnyamata wa kushopu koodako, atumidwa kudzafunsa ngati Enock wabweretsa nsomba zouma. Aliyense amene ndinamuuza wabwera ndi tsiku lake lolondola. Uthenga wanga unafika bwino kwa onse kupatula kumene unkayenera.

Wotchi itakwana ndinadula nkhani pakati, n'kukweza dzanja. Amake Binti anadabwa. Patience anawafotokozera monong'ona. Pa hafu anayamba okha kuyang'ana wotchi. Pofika masana tinalipo amayi asanu pakhonde, a Felicia ndi ena a Mvano, tonse chete nthawi ikakwana. Kumangomveka madzi a m'ngalande ndi tambala.

Ndege inadutsa chakumadzulo, yolowera kum'mwera. Ndinaiyang'ana mpaka inalowa mumtambo. Mumtima ndikuti tsegulani nambala ija, bambo inu, tsegulani. Manambala a pachikhatho afufutika, ndawalembanso ndi bolopeni.

Achimwene: maboti awiri atuluka lero, mphepo yatsika. Palibe kanthu. Akuti madzi a kumeneko amakokera kum'mwera, ndiye mwina akufuna malo olakwika. Madzi akumwa pa sitima yotere amakhala a masiku ochepa, ulendo wake unali waufupi. Sindinafunse kuti angati. Ndikuopa yankho.

Chitenje chobiriwira chija chili pa bedi lake. Ndachibweza m'chikwama cha kumsika, kenako ndachitulutsanso.

Mulungu, sindikupempha zambiri. Wina angomva.

Lachiwiri, 17 Febuluwale

Apezeka.

Achimwene aimba dzuwa litakwera, akulira, ine chibadwire sindinawamvepo akulira. Sitima yaikulu ya makontena yopita ku Beira. Anamva kulengeza kwa a padoko kuja, ndiye woyang'anira wailesi anakweza mawu n'kumamvetsera. Anamva kamawu kofooka, kodukaduka. Pa sikisitini.

Enock ali moyo. Ndalemba, ndikuwerenga, ndikuwerenganso. Ali moyo. Milomo yosweka, sakutha kuima, koma wadzitchula yekha dzina.

Ndinafunsa za anzake. Achimwene anati tidzakamba. Ndinafunsanso. Akuti asanu.

Ananyamuka asanu ndi mmodzi.

Amake Binti aimba nthungululu pamsewu, aneba atuluka. Ine ndakhala pansi m'khitchini.

Lachisanu, 20 Febuluwale

Wachisanu ndi chimodzi uja dzina lake Sumaili. Wothandiza ku injini. Tsiku limene injini inafa anapsa mwendo ndi mafuta otentha, bala linavunda. Anamwalira Lamulungu, nthawi imene ine ndinali pansi pa mtengo wa mapeyala. Mkazi ndi kamwana koyamwa ku Quelimane. Achimwene akuti adokotala anena kuti bala lotere likafika kuchipatala msanga limapola. Atanena anazindikira, anayamba kukamba za mvula.

A Kingsford akuti ndisadziweruze. Akuti ngakhale akanatuluka Lachiwiri lomwelo, mphepo inali yoopsa, palibe akudziwa ngati akanawapeza. Akutinso ndikanakhala munthu wosunga nkhani, uthengawo sukanafika pakhonde pawo, onse asanu ndi mmodzi akanapita. Mwina n'zoona. Ndamva, koma sizikulowa.

Kumsika ndinapita dzulo. Anthu akuti Wailesi yatha mabatire. Ndimangogulitsa.

Lero masana Enock waimba yekha, pa foni ya nesi, kuchipatala ku Beira. Mawu okhwepa ngati a nkhalamba. Choyamba kunena: musadandaule. Ndinaseka ndikulira.

Walankhula nthawi yaitali, ine kumangomvera. Akuti netiweki inabwera kamphindi kochepa Lachiwiri lija, gombe likuonekabe, kenako madzi anawakokera kutali. Madzi akumwa ankagawana pa chitsekerero cha botolo, mvula ndi imene inawapulumutsa. Kaputeni ankayatsa wailesi ya m'manja ola likakwana, kuitana, kumvetsera pang'ono, kuzimitsa. A Kingsford analondola.

Kenako anaseka pang'ono. Akuti anzake akataya mtima ankawauza kuti: "Amayi anga kwathu amawatcha wailesi. Uthenga ndawapatsa iwowo. Pofika madzulo Quelimane yense akhala atamva." Akuti Sumaili ndi amene ankaikonda nkhaniyi. Malungo atamukwera ankafunsa m'mawa uliwonse ngati wailesi ya ku Malawi yaulutsa. Enock ankamuyankha kuti yaulutsa kalekale, maboti ali m'njira.

Achimwene anandichenjeza dzulo kuti ndisamuuze zimene ndinachita ndi uthenga uja, adakali wofooka. Patience akuti adzamva ndithu, Limbe yense akudziwa, bola amve kwa ine.

Akubwera sabata yamawa, adzera ku Mwanza. Tsiku sindinamufunse. Tambala akadali kuseri.

Chakumapeto anati pali chinthu chimodzi chimamuzunguza mutu, chifukwa chake maboti anachedwa chonchija. "Kodi ankolo munawapeza liti, Amayi?"

Ndinayang'ana pakhoma. Wotchi inali pa hafu.

"Amayi? Mukundimva?"

Ndinkamumva bwinobwino.